Semina Isowa Mboni Yachitatu

Lolemba, 3 Malichi

Kalata ya osindikiza. Chilembo cha S cha mtanthauziramawu chikhale chili m'manja mwawo Lachisanu pa 21. Tikachedwa, makina awo atembenukira ku mabuku a sukulu kufikira chaka chamawa. Masiku 18.

Makhadi onse a S ndi otsekedwa, kupatula limodzi: semina.

Tanthauzo loyamba lilibe vuto. Msonkhano wa tsiku limodzi kapena angapo, kawirikawiri wa ku hotela, umene bungwe limaitanirako anthu kuti liwafotokozere zimene linagamula kale. Obwera amasayina m'kaundula ndi kulandira alawansi. Mboni 41.

Tanthauzo lachiwiri ndilo landikhazika pansi tsiku lonse. Kukumana kwa anthu ochepa ophunzira, pa tsiku lokhazikika, pamene mmodzi amawerenga kafukufuku wake asanathe, enawo n'kumufunsa ndi kumutsutsa kuti ntchitoyo iwongoke. Mboni ziwiri.

Lamulo la a Profesa, amene anayambitsa ntchitoyi ine ndili wophunzira wawo, likadali pakhoma, pepala litachita chikasu. Ndilikopera pano ngakhale ndimalidziwa pamtima. Tanthauzo lililonse likhale ndi mboni zitatu za m'zaka khumi zapitazi, zomveka kapena zosindikizidwa, m'chiganizo chathunthu cha chiyankhulo chathu. Mboni isakhale munthu wa m'chipinda chino. Mboni isaikidwe mawu m'kamwa. Tanthauzo losakwanitsa zimenezi likhale ndi kamtanda patsogolo, kusonyeza kuti linafa.

Zaka 26 ndakhala pa semina ya Lachinayi ya dipatimenti yathu, ziwiri zomaliza ndili wapampando. Tsopano dzanja langa lomweli ndilo liyenera kulemba kamtandako, pokhapokha mboni yachitatu itapezeka.

Mayi wotayipa anandiyang'ana pamwamba pa magalasi. "A Dokotala, khadi limodzi lomwelo chiyambire m'mawa? Likukuuzani zotani?" Ndinati silikunena kanthu, ndipo vuto lake ndi lomwelo.

Bondo lakumanzere. Masitepe 44 kukwera kuno.

Lachiwiri, 4 Malichi

Mawu ofanana nawo tanthauzo. Ndimayembekeza kuti ndikawandandalika mtima ukhala pansi, pakuti tanthauzo likafa lili ndi mbale, katundu wake amapeza womusenza.

Msonkhano. Ndi thumba lalikulu kwambiri. Wa chipani, wa makolo a ana a sukulu, wa achibale pa maliro, yonse imalowamo. Ndiponso msonkhano uyenera kutha ndi mfundo yomangidwa. Ife tinkabalalika 4 koloko mfundo ili yomasuka kuposa mmene inabwerera, n'kumati tsiku layenda bwino.

Zokambirana. Mbali ziwiri zofuna kumvana. Mulibe pepala, mulibe munthu mmodzi amene wadzipereka kuti asendedwe.

Mtsutso. Umafuna wopambana. Pa Lachinayi wogonja ndiye ankabwerera kwawo atapindula.

Maphunziro. Mmodzi akudziwa, ena sakudziwa. Kwa ife wowerengayo ndiye anali wosatsimikiza, n'chifukwa chake ankawerenga.

Bwalo. Ili ndinalisinkhasinkha nthawi yaitali, chifukwa aliyense amayankhulapo ndipo wamng'ono akhoza kufunsa wamkulu. Koma bwalo limaweruza munthu, ndipo likagamula nkhani yatha.

Upo. Wamseri, ndipo umanunkha chiwembu.

Wekishopu. Mapasa ndi tanthauzo loyamba. Pa makhadi 17 mwa 41 aja, munthu yemweyo watchula onse awiri m'chiganizo chimodzi osaona kusiyana.

Chotsatira chake n'chakuti tanthauzo loyamba lili ndi abale atatu kapena anayi, lachiwiri lilibe ndi mmodzi yemwe. Likapita lapita ndi nyumba yake yonse.

Chiyambi cha mawuwa ndi Chilatini, malo oferekera mbewu, nazale; anatifika kudzera m'Chingerezi. Ndalemba mzere umodzi wokha. Sindidalira chiyambi cha mawu pofuna chitonthozo. Mawu sakumbukira kwawo.

Lachinayi, 6 Malichi

2 koloko ndinapezeka ndaima pakhomo la chipinda cha nambala 9. Miyendo inanditengera yokha. Tinakhalamo komaliza miyezi 14 yapitayo, anthu atatu, mmodzi akuyankha foni panja. Mipando inatengedwa nthawi ya mayeso ndipo sinabwerere. Tebulo lilipo chifukwa silikwana pakhomo, analipangira momwemo.

Palibe amene anaitseka seminayo. Ndilembe zimenezi mwachilungamo. A Profesa anagwidwa ndi sitiroko zaka zitatu zapitazo. Achinyamata amaphunzitsa makalasi owonjezera kuti mwezi uthe. Mnzanga wa msinkhu wanga, amene tonse timamutchula a Chikwama chifukwa sutikesi yake siiona pansi pa bedi, amakhala ku masemina a tanthauzo loyamba masabata atatu mwa anayi. Aliyense anali ndi chifukwa chomveka. Ndinaziwerenga zifukwazo chimodzichimodzi ndipo sindinapeze cholakwika ndi chimodzi chomwe.

Ndinapita kukakhala m'chipinda chomwera tiyi, kabuku pa ntchafu, khutu lili tcheru. Ola ndi theka. Mphunzitsi wina wamng'ono wa za nthaka anayamba bwinobwino: "Ine sabata yamawa ndiye ndilibe mtendere, ophunzira anga awiri akuwerenga mapepala awo pa..." Pensulo inali kale pa pepala. Pomwepo anadumphira m'Chingerezi ngati wodumpha ngalande, ndipo sanabwererenso tsidya lino mpaka tiyi anatha. Theka la chiganizo. Ndalilemba khadilo, ndaliika pambali.

Apa m'pamene pagona nkhani. Chinthucho mwina chikupumabe m'makona ena a yunivesite ino, koma chikupumira m'chiyankhulo cha eni ake. M'chathu chinabwera, chinakhala zaka makumi angapo, sichinabereke.

Mboni ziwiri zimene ndili nazo: woyang'anira laibulale, zaka ziwiri zapitazo, "Ana a masiku ano saiopa semina chifukwa sanaionepo yoluma." Ndi kabuku ka mwambo wa maliro a mphunzitsi wa mbiri yakale, zaka zisanu ndi zinayi zapitazo. Imodzi ya nkhalamba, ina ya kumanda, ndipo yakumandayo itha mphamvu chaka chamawa.

Loweruka, 8 Malichi

Mwana wanga wabwera ndi zochapa zake ndi nzeru zake. Iye ntchito yake ku bungwe n'kukonza masemina enieni a masiku ano: kusungitsa holo, kuwerenga mabotolo a madzi, kusindikiza mayina pa timapepala ta pachifuwa. Makhadi asanu ndi anayi mwa 41 aja ndinawatola pakamwa pake iye osadziwa.

Ndinalakwitsa kumufotokozera. Anaseka mpaka kutsamira sinki. "Amayi, ndiye chikukusowetsani tulo ndi chimenechi? Ndiuzeni chiganizocho, ndichiika pa tsamba la bungwe lathu Lolemba, Lachiwiri mudzakopere. Chosindikizidwa, cha chaka chino, ndipo ine si wa m'chipinda chanu."

Ndinati kumeneko n'kuika mawu m'kamwa.

"Adzadziwa ndani?"

Ndinayamba kumuyankha mwadongosolo, kuti mtanthauziramawu ndi umboni osati chikhumbo, kuti khadi limodzi labodza limadetsa makhadi zikwi makumi asanu ndi limodzi oona chifukwa wowerenga sangadziwe kuti labodzalo ndi liti. Anandidula. "Inu ndi agogo a Profesa anuwo munamanga khola, mwalowamo nokha, kiyi mwameza." Kenako anandipaka mankhwala pa bondo. Dzanja lake n'lofewa kuposa pakamwa pake.

Sanalakwitse zonse. Ndicho chikundiwawa.

Lachiwiri, 11 Malichi

Masiku awiri m'chipinda chapansi cha laibulale. Nyuzi zomangidwa m'mavoliyumu, masamba a chiyankhulo chathu okha. Fumbi, chimfine, zala zakuda.

Semina yophunzitsa alimi. Semina ya atsogoleri a mipingo. Semina ya amayi a mabizinesi ang'onoang'ono, kumene nduna inafika mochedwa ndi maola atatu. Ndinasiya kulemba pa 60; tanthauzo loyamba silikusowa chakudya.

Cha m'ma 3 koloko lero ndinaipeza. Kalata ya kwa mkonzi, ya mphunzitsi wopuma: "Ife tinkasulidwa pa semina, pamene anzako ankakung'amba pepala uli pomwepo." Chiganizo chathunthu, chosindikizidwa, cha munthu amene sindimudziwa. Ndinaimirira. Ndikuganiza kuti ndinatulutsa mawu, chifukwa woyang'anira anasuzumira.

Tsiku la nyuziyo lili pamwamba pa tsamba. Zaka 11 ndi miyezi iwiri.

Ndinawerengera katatu, ndi zala ngati mwana. Voliyumuyo inalowa molakwika pa shelefu ya chaka chotsatira.

Miyezi 14 yokha kupitirira malire. Munthu amene analemba kalatayo mwina akadali moyo, akumwa tiyi kwinakwake.

Lachinayi, 13 Malichi

A Chikwama atulukira, atanenepa masaya, atandibweretsera cholembera cha dzina la hotela. Mayi wotayipa anali atawauza kale nkhani yonse pa masitepe.

"Achemwali, semina yanu ija inalibe ndi botolo la madzi lomwe. Munthu kumakalipidwa maola awiri pammero pali gwa, kenako n'kuthokoza. Mukudabwa kuti inafa?"

Ndinati iwo ndi amene ankabwera msanga kuposa tonse.

Anakhala pa mpando wa alendo, chipewa pa bondo, ndipo nthabwala zinawathera. Anakumbutsa za chaka chimene anawerenga pepala lawo la miyambi ya asodzi, a Profesa n'kuwafunsa funso limodzi lokha limene linagwetsa mitu itatu mwa isanu. Anakalilembanso miyezi isanu ndi iwiri. Ndilo pepala lokhalo la iwo limene anthu amaliwerengabe. Kenako anati, akuyang'ana pansi: "Kunena zoona, ine ndinapangidwa munthu pa semina ya Lachinayi, kwinaku ndimangokadya."

Sindinawafunse. Sindinawatsogolere. Chiganizo chabwino kuposa chilichonse chimene ndikanapeka. Ndinachilemba pa khadi pomwepo.

Dzina lawo lili pa mndandanda wa akonzi, lachitatu kuchokera pamwamba, ngakhale sanakhudze khadi zaka zinayi. Munthu wa m'chipinda chino.

Ataona nkhope yanga anazindikira. "Ndifufutenipo lero lomwe, ndibwereza mawa." Ndinati pamene amanena anali asanafufutidwe, ndipo mawa adzakhala akunena zimene akudziwa kuti ndikuzifuna. Anavala chipewa chawo. "Mulungu akuchitireni chifundo, achemwali, chifukwa inu simudzichitira."

Lolemba akunyamukanso. Masiku asanu, za utsogoleri wabwino.

Makhadi oikidwa pambali tsopano ndi atatu.

Lamlungu, 16 Malichi

Sindinapite kutchalitchi. Bondo, ndinatero pa foni.

Ndayesa kulitsutsa lamulolo monga tikanachitira pa Lachinayi. Chifukwa chiyani zitatu, osati ziwiri? Chifukwa chiyani zaka khumi, osati khumi ndi ziwiri? Palibe chifukwa chochokera kumwamba. Malire alionse ndi oikidwa ndi munthu. Koma nthawi yowasuntha inali tisanayambe A, kapena idzakhala titamaliza Z. Si pakati pa S, pa mawu amene mkonzi ali nawo chibale. Ndaika kamtanda pa matanthauzo 312 ndi dzanja ili. Ena anali ndi mboni ziwiri zabwino. Sindinawalirire. Ndikamasula chingwe lero, ndiye kuti onse aja ndinawapha chifukwa sanali anga.

A Profesa anaika kamtanda pa mawu amene mayi awo ankatchulira kamvula kogwa dzuwa likuwala. Anafunafuna chaka chathunthu. Tsiku limene anakalemba anatuluka kukayenda, n'kubwera kudzapitiriza khadi lotsatira.

Ndiye mtsutso wanga ndagonja ndekha, m'chipinda chopanda anthu.

Pokonza mndandanda wa akonzi wa tsamba loyamba, ndaona chinthu chimene chinali pamaso panga masiku onsewa. A Profesa anachotsedwapo atapuma ntchito. Anaumirira okha, kuti dzina la munthu wosagwira khadi lisakhalepo. Mwa lamulo lawo lomwe, iwo tsopano ndi munthu wakunja. Akhoza kukhala mboni.

Sindinawaone miyezi isanu ndi itatu. Manyazi.

Lolemba, 17 Malichi

Ndaimbira mayi a kunyumba kwa a Profesa. Akuti kumva amamva zonse, kuwerenga amawerenga, koma mawu otuluka anatsala awiri: eya ndi pepani. Nthawi zina liwu lachitatu limathawa pakamwa mosayembekezeka, dzina la munthu kapena la chinthu, kenako zii sabata yonse.

"Bwerani Lachinayi masana, mwana wanga. Tsiku limenelo amavuta mpaka ndiwaveke jekete."

Chiganizo chathunthu, kwa munthu wa mawu awiri. Ndikudziwa. Ndalemba kuti ndisadzanene kuti sindinkadziwa.

Lachinayi, 20 Malichi

Mabasi awiri. Ndinafika 2 koloko itatsala pang'ono.

Anali pa tebulo lodyera, pa njinga yawo ya olumala, jekete yotuwa ija, kathaulo paphewa. Dzanja lamanja lili pa ntchafu ngati la munthu wina. Achepa thupi. Maso okha ndi omwe aja. Anandiona n'kunena pepani, ndipo mayi anati amatanthauza takulandirani.

Ndinadziletsa kutchula mawuwo. Ola lathunthu ndinayenda mowazungulira. Ndinakamba za chipinda cha nambala 9, za tebulo losatuluka pakhomo, za ketulo imene inkazimitsa magetsi a nyumba yonse. Za a Chikwama ndi asodzi awo. Apa anaseka ndi theka la nkhope. Ndinafunsa kuti kodi Lachinayi ngati lero, nthawi ngati ino, tikanakhala tili kuti. Funso limenelo linali kale pa malire a choletsedwa, ndipo anandiyang'ana mondidziwitsa kuti aona.

Milomo inayesa. Khosi linatupa mitsempha. Chinatuluka ndi mpweya, kenako pepani.

Mayi anaika makapu pansi. "Mukufuna anene chiyani, mwana wanga? Ndiuzeni ndiwathandize." Ndinati sindingathe kuwauza. Ndinayembekeza pang'ono kuti mwina iwo atchula okha, popeza nawonso ndi munthu wakunja. Anapukuta a Profesa pakamwa n'kunena kuti zaka zonse zija ana akafunsa bambo ali kuti, iwo ankangoti apita kokangana.

Pamenepo mphamvu zinandithera ndipo ndinachita chimene ndinalumbira m'basi kuti sindichita. Ndinatulutsa envelopu. Ndinayala khadi la tanthauzo, mboni ziwiri kumanja kwake, zokanidwa zitatu kumanzere. Ndinafotokoza chilichonse, tsiku ndi malo. Ndinati lamuloli ndi lanu, munalilemba ndinu, ndipo mwini chingwe akhoza kuchimasula kamodzi. Ine sindingathe, koma inu mukagwedeza mutu ndilemba m'mawu oyamba kuti mwatero. Mawu anga sanali a munthu wa zaka 58.

Anakokera makhadiwo kwa iwo ndi dzanja lamanzere. Ananyowetsa chala ndi lilime monga kale. Anawerenga tanthauzo lonse, n'kugogoda tebulo kamodzi pa mawu akuti iwongoke. Kugogoda kamodzi kunkatanthauza kuti pamenepo pali bwino. Mboni ziwiri anaziwerenga, n'kutukula yachiwiriyo kuona ngati ina yamatirira kunsi.

Kenako zokanidwa. La theka la chiganizo analitembenuza chafufumimba msanga. La nyuzi anayang'ana tsiku, anatseka maso kuwerengera, analitembenuza. La a Chikwama analiwerenga kawiri. Analigwira nthawi yaitali, ndipo mayi anabwera ndi kathaulo kudzawapukuta, ulendo uno osati pakamwa. Ndinaganiza kuti mwina.

Analitembenuza.

Anatambasula dzanja. Sindinamvetse, mpaka mayi anati akufuna pensulo. Ndinawapatsa. Ndinagwira khadilo m'makona kuti lisaterereke. Mzere wotsika unatenga nthawi, unapindika, unaboola pepala pang'ono pansi pake. Wopingasa anauyamba katatu.

Atamaliza anaika pensulo pansi molunjika ndi khadi, n'kundiyang'ana. Ndimadikira pepani.

Anati eya.

Wotchi ya pakhoma inali pa 4 koloko. Mayi anayamba kuwavula jekete.

Lachisanu, 21 Malichi

S wapita. Makhadi 5,207, mabokosi asanu ndi limodzi, ndi zotayipa zake. Galimoto ya osindikiza inafika 11 koloko.

Lisanapite, mayi wotayipa analitenga khadi lija, analiyandikiza ku magalasi, analitalikitsa. Zolemba za m'chipinda chino amazidziwa zonse, za amoyo ndi za akufa. Sanafunse kuti walemba ndani. Anangoti, "Ndiike kamtanda kowongoka, a Dokotala? Makinawa alibe kokhota."

Ndinati aike kowongoka.

Pa mzere wa mawu ofanana nawo, pansi pa tanthauzo lachiwiri, ndasiya mpata wopanda kanthu. Anafunsa ngati ndaiwala. Sindinaiwale.

M'basi pobwerera anthu amayankhula kwambiri, kutsogolo ndi kumbuyo komwe. Kabuku kanali m'chikwama. Ndinafika pa siteji yanga osakatulutsa, ndipo sindingathe kunena kuti amakamba za chiyani. Chiyambire ntchitoyi sizinandichitikirepo.

Lolemba T. Dilowa yoyamba ili ndi makhadi 900 ndi kanthu, ndipo pa amene ndinasuzumira, a mboni ziwiri ndi ambiri.